Maliro opanda mtembo kwa Makweka

Ana inu mumati ndimalankhula mokweza. Dzulo lomweli m'basi Mphatso anandikoka chitenje, akuti, "Gogo, anthu akutiyang'ana." Aziyang'ana, maso ndi awo. Bwera kuno iwe Tadala, khala pansi pakati pa miyendo yangayi, unyamule chipeso ndi mafuta. Mutu wakowu ukuoneka ngati chisa chogwa ndi mphepo. Mphatso, zimitsa tiviyo, anthu akewo sathawa.

Kwathu ku Dedza mawu anali chida, ngati khasu kapena mtondo. Foni kunalibe. Ndili msinkhu wakowu ankandikweza pansanja pakati pa munda wa mapira, ntchito yanga kuingitsa mbalame ndi apusi. Ndikangoti "haaa," mpheta za m'munda mwathu zinkathawa pamodzi ndi za m'munda wa eni ake kutsidya. Nditakwatiwa, agogo anu aamuna akakhala kudimba, ndinkawaitana ndili pakhonde, iwo n'kuyankha ali kuseri kwa mtsinje. Pa chinamwali woyambitsa nyimbo ndinali ine, pa maliro ine. Palibe anandiuzapo kuti chepetsa. Ndinadzamva mawu amenewo nditakalamba kale, kuno ku Birmingham.

Amayi anu Esinati ndi amene anandiitanitsa, iwe Tadala uli wakhanda, chifukwa mashifiti a kuchipatala ankawadya usana ndi usiku. Ndinakwera ndege nditavala majuzi atatu ndi zitenje ziwiri, ndikutuluka thukuta mpaka ku Nairobi. Kufika kuno ndinapeza nyumba zogundana ngati maso a chimanga pachitsononkho. Khoma lake lopyapyala, neba akayetsemula ine ndinkayankha kuti pepani.

Masiku amenewo mpingo wathu unalibe nyumba. Tinkasonkhana pabalaza lomweli. Ena ankachokera ku Bilston, manesi ena ku Nuneaton, banja lina mpaka ku Stoke, a ku Mulanje, a ku Kasungu, ndi anzathu a ku Chipata amene amati "bwanji" ngati akukuopseza. Wapampando anali abambo Kachingwe, omwewa a mimba yotsogolawa, nthawi imeneyo akugwira ntchito yonyamula makatoni. Anagula masipika awiri pamsika wa ku Bilston, aakulu ngati nkhokwe. Akaimirira ankayamba chonchi, mverani:

"Abale, mzinda uno wafa. Mafakitale atsekedwa. Matchalitchi awo asanduka mashopu a makapeti. Anatibweretsera uthenga ndi iwowa, lero Mulungu watituma ife kuti tiwabwezere. Tidzutsa Birmingham."

Ife, "Ameni."

Tinadzutsa munthu mmodzi yekha, neba wathu wa kumanzereyu, amene ankayendetsa lole usiku n'kumagona masana. Anakadandaula kwa landilodi. Kalata inabwera, yakuti mapemphero akachitikanso m'nyumba muno tisamuke. Amayi anu anapita kukapepesa, anabwerako nkhope ili gwa. Tonse tili pabalaza, abambo Kachingwe anafunsa, "Ndiye akuti vuto ndi masipika?"

Amayi anu akuti, "Ayi. Akuti masipika akhoza kupirira. Koma akuti pali mayi mmodzi."

Anthu onse anayang'ana pansi, kenako mmodzimmodzi anayang'ana ine.

Usaseke, ndikukoka tsitsi. Inali nkhani yaikulu. A ku Stoke ananena poyera kuti mwezi ukatha malo asanapezeke, azipita kwa anthu a ku Zimbabwe kufupi ndi kwawo. A ku Nuneaton chimodzimodzi. Mpingo unali pafupi kumwazika, ndipo dzina langa likanakhala lakuti agogo aja anapha mpingo ndi pakamwa. Munthu kukalamba bwinobwino kwanu, n'kudzatenga mbiri yotere kudziko la eni.

Akuluakulu a mpingo anafunsa maholo angapo, konse kunali kodzaza. Kenako nesi wina wachizungu anauza amayi anu kuti kuli anthu otchedwa Makweka, ali ndi kanyumba kawo kopemphereramo kamene Lamulungu masana kamangokhala kotseka. Akuti mupite m'mawa, mukakhale nawo pa mapemphero awo, mukatha mukapemphe. Anasankhidwa abambo Kachingwe ndi kalata yawo m'thumba la jekete, ndi amayi anu omasulira. Ine amayi anu sankafuna ndipite. Koma abambo Kachingwe anati, "Sisitala, kopempha malo sikupita ana okhaokha. Pafunika imvi. Agogo angokavula duku pang'ono kuti azione."

Amayi anu anali atangoweruka shifiti ya usiku, maso ofiira ngati adya tsabola. Tinakwera mabasi awiri. Yachiwiriyo inadutsa ku Bournville, ndipo ine ndinayamba kumva fungo ndisanaone kanthu.

"Esinati, akuphika chiyani kuno?"

"Ndi chokoleti, amayi. Fakitale yake ndi iyo. Eni ake akalekale anali Makweka omwewa. Anaona antchito awo akufera m'tinyumba ta utsi m'tauni, ndiye anagula thengo n'kuwamangira mudzi uno. Nyumba iliyonse ndi dimba lake kuseri, ndi mitengo ya zipatso. Sukulu, bwalo la masewera. Koma bawa anakana, mpaka lero."

Ndinakanikiza mphuno pagalasi. Ana inu, ine ndinakhalako pa esiteti ya fodya ku Kasungu zaka zinayi, agogo anu ali tenanti. Bwana wake ukabzala ngakhale phata limodzi la dzungu kuseri kwa nyumba ankatuma kapitawo kudzazula, akuti ukuba nthawi ya fodya. Ndiye kuno bwana kumubzalira wantchito mtengo wa maapozi? Ndinati anthu awa ndiwaone. Koma za bawazo, agogo anu akanapempha transifa sabata yomweyo, Mulungu awasunge kumene aliko.

Ndinafunsa, "Nanga amapemphera bwanji?" Kutembenuka, amayi anu mutu uli pagalasi, tulo. Abambo Kachingwe akuloweza kalata yawo, milomo ikungogwedera. Ndinasiya.

Kanyumbako sikanali ku Bournville kokongolako ayi. Kanali kutsogolo, mumsewu wotopa, mashopu okhomedwa matabwa, matiresi akale atatayidwa pakona. Pakhomo amayi anu anandigwira dzanja mwamphamvu.

"Amayi, muno musatsegule pakamwa. Chilichonse chimene muone, chete. Mwamva?"

"Ndamva, mwana wanga. Ndine mwana ine?"

Tinalowa. Mayi wina pakhomo anatigwira chanza osanena kanthu, anangogwedeza mutu. M'katimo mipando yozungulira, pakati tebulo, patebulopo kamtsuko ka maluwa ndi buku. Anthu ngati khumi ndi awiri, onse okalamba, mitu pansi, manja pamiyendo. Guwa palibe, mtanda palibe, kwaya palibe, ngakhale kang'oma. Tinakhala. Ndinati abusa achedwa, zimachitika, mwina basi.

Zii.

Ndinamva wotchi ya pakhoma. Ndinamva mimba ya mayi wina ikulira kutsidya kwa tebulo. Ndinayang'ana abambo Kachingwe, atseka maso, kalata ili pachifuwa. Ndinayang'ana amayi anu, agonanso, pakamwa pali yasa. Tsono ndinayamba kuganiza ndekha, ndipo pamenepo ndi pamene panalakwika.

Kwathu anthu akakhala mozungulira, mitu pansi, osapatsana moni, osayang'anana, ndi chiyani? Iwe Mphatso sungadziwe, unabadwira kuchipatala cha kuno. Ndi maliro. Palibenso china. Ndiye ndinakumbukira mawu a amayi anu pakhomo, chilichonse chimene muone. Ndinati ohoo, mwanayu amadziwa, amaopa kundidzidzimutsa. Koma bokosi lili kuti? Apo ndinakumbukira zimene anandiuza mayi wina wa ku Nuneaton, kuti azungu ena amawotcha akufa awo n'kuika phulusa mumtsuko. Ndinayang'ana kamtsuko kaja patebulo. Ndinati munthu yense wathunthu ali umo, ndipo amubzala maluwa pamutu.

Ndinayamba kufunafuna namfedwa. Sanavute. Bambo wina wamtali, woonda ngati bango, chipewa chili pamaondo, ndipo mpando wa pambali pake unali wopanda munthu pomwe ena onse anakhala moyandikana. Ndinati ndi ameneyu, wataya mkazi.

Tsono chinandipweteka ndi ichi. Anthu khumi ndi awiri, palibe ndi mmodzi yemwe wotulutsa msozi. Munthu wafa ngati nkhuku ya chitopa. Ndipo ife tabwera kudzapempha nyumba, tapeza eni ake ali pachisoni, tangokhala pamipando maso ali gwa ngati tikudikira basi. Kwathu mlendo wotero sapatsidwa ngakhale madzi. Maliro n'kulirana. Ndinati Esinati ndi mwana wa sukulu, mwambo sakuudziwa, imvi anandibweretsera zomwezi.

Ndinatulutsa chitenje m'chikwama n'kumanga m'chiuno. Ndinavula nsapato. Ndinatsetsereka pampando mpaka pansi, chifukwa mkazi salira maliro ali pampando ngati bwana. Ndinakhwekhwereza thupi kufika pafupi ndi tebulo, manja kumutu, ndipo ndinayamba. Pang'onopang'ono poyamba, mwaulemu.

"Mayo ine, mayi wathu ine. Mwapita osatsazika. Mwawasiyira yani bambowa, adzawaphikira ndani, adzawachapira ndani."

Tsekani chitseko cha kukhitchini, neba angaganize kuti zayambiranso.

Ndinayamba ngati ntchito, ana inu, sindikunamizani. Koma pakati pake china chinaduka m'chifuwa muno. Miyezi itatu m'mbuyo mwake akulu anga aEnelesi anali atamwalira ku Dedza. Amene anandibereka kumsana, amene anandiboola makutu ndi minga. Uthenga unabwera pafoni ya khadi, mawu akudukaduka, khadi n'kutha ndisanafunse kuti aikidwa liti. Sindinapite. Ndipo kulira sindinalire, chifukwa cha khoma lija. Ndinkalowa m'bafa, kutsegula mpopi, kuluma thaulo. Miyezi itatu maliro ali pakhosi ngati fupa la nsomba. Tsiku limenelo anatuluka onse. Ndinaitana aEnelesi ndi dzina lawo la paubwana, ndinawauza kuti kuno kukuzizira, kuti ndilibe wondisekera, kuti andikhululukire sindinaponye dothi. Mawindo ankanjenjemera, anandiuza pambuyo pake.

Amayi anu anadzidzimuka. Ndinangomva zikhadabo paphewa.

"Amayi. Amayi. Palibe wafa. Ndi mapemphero awa. Amayi, chonde."

Abambo Kachingwe kumbali inayi, mawu a pansipansi, "Yapita. Nyumba yapita. Ambuye, yapita."

Koma galimoto yotsika phiri la Dedza siima chifukwa wina wakweza dzanja. Ndinapitiriza. Makweka aja osagwedezeka ndi mmodzi yemwe. Kenako ndinamva phokoso lina, ngati chitseko cha dzimbiri chikutsegulidwa. Ndi bambo wamtali uja. Mapewa akugwedezeka. Anaimirira, anabwera, anagwada pansi pambali panga, maondo ake akuti thobo thobo, anandigwira dzanja. Tinalira awiri, iye m'Chingerezi, ine m'Chichewa, ndipo apo sipanafunike Esinati womasulira.

Titatopa tinangokhala pansi pomwepo. Chete uja anabwerera. Koma ulendo uno sindinamve wotchi. Sindidziwa ndikuuzeni bwanji. Zinali ngati ukatula mtolo wa nkhuni pakhomo, khosi likadali kumva kulemera koma mutu uli wopepuka. Ndinakhala choncho mpaka anthu anayamba kugwirana chanza, kusonyeza kuti zatha.

Pa tiyi amayi anu anapepesa kwa aliyense, mpaka ndikuganiza anapepesa ndi ketulo yomwe. Mlembi wawo anali mayi Magireti, wamfupi, mawu ake ngati udzudzu uli m'chipinda china. Anayankhula, amayi anu akumasulira.

"Akuti musapepese. Akuti kuno abusa kulibe, aliyense amene Mzimu wamukankha amaimirira n'kulankhula. Akuti lero mwalalikira ndinu."

"Afunse za mumtsukomo."

"Amayi."

"Afunse."

Munali madzi, ana inu. Madzi a pampopi ndi maluwa a kuseri kwa nyumba ya mayi Magireti. Safunsa anadya phula.

Koma pa bambo uja sindinaphonye kwenikweni. Dzina lake aHalodi, anabadwira m'mudzi wa chokoleti uja, bambo awo ankagwira pafakitale. Akazi awo anali atamwalira chaka chathunthu m'mbuyomo, mpando uja unali wawo. Pa maliro ake anthu anakhala chete, ena anaimirira kunena zabwino za malemu, anamwa tiyi, anabalalika. AHalodi msozi osatuluka chaka chonse.

Abambo Kachingwe ataona kuti sitinathamangitsidwe, anatulutsa kalata.

"Sisitala, afunseni wamkulu wawo ndani."

"Akuti alibe."

"Nanga amasaina ndani?"

"Akuti amagwirizana onse."

"Chabwino, akweze manja tiwerenge."

"Akuti savota. Amakhala chete mpaka aone njira."

Abambo Kachingwe anandiyang'ana ine ngati ndine ndinawaphunzitsa anthuwo. Anatiuza kuti tibwerenso Lamulungu linalo, nkhani yathu idzakambidwa ife tili pomwepo. Limenelo linali Lamulungu lomaliza la mwezi. Sabata imeneyo amayi anu sanandilankhule kupatula "madzi afunda" ndi "mwana walira." A ku Stoke anaimba foni kawiri.

Tinabwerera. Ulendo uno ndinaluma nsonga ya chitenje kuyambira pakhomo. Atatha mapemphero, mayi Magireti anakhala patebulo ndi pepala. Abambo Kachingwe anapatsidwa mpata, ndipo ndinaona amayi anu akumasulira mochotsera, chifukwa iwo ananena za masipika kanayi koma m'Chingerezimo ndinamva "sipika" kamodzi. Atakhala pansi, zii. Mayi wina wa ndodo anaimirira, akuti anthu a mumsewu uno ndi otopa, ambiri amagwira usiku, phokoso lidzawadanitsa ndi nyumbayi. Anakhala. Zii. Ine mumtima ndikuti ayankheni msanga abambo Kachingwe, koma kumeneko munthu sayankhidwa, amasiyidwa kuti mawu ake akhazikike ngati matope mumtsuko. Bambo wina anaimirira, akuti tatsala ochepa, denga likudontha, takhala tikuganiza zogulitsa nyumbayi amangepo mafulati. Anakhala. Zii winanso, wautali, chitenje chonse chinanyowa ndi malovu.

Kenako aHalodi anadzuka, pang'onopang'ono ngati munthu akuimika nsichi.

"Akuti bambo awo ankawauza kuti amene anamanga mudzi uja ankakhulupirira kuti mwa munthu aliyense muli kanyali ka Mulungu, ngakhale wonyamula makatoni, ndipo mzinda umachira munthu akapatsidwa malo opumira. Akuti ife tasunga chete wathu bwino kwambiri, mpaka msewu uno unaiwala kuti muno muli anthu. Akuti sabata yatha mayi awa anabwera kudzapempha chipinda, anapeza munthu ali ndi chisoni, anayamba athandiza kaye asanapemphe."

Pomasulira mawu omalizawo amayi anu sanandiyang'ane. Ankayang'ana nsapato zawo.

Mayi Magireti analemba, analemba, anawerenga mokweza, kwa iwo kunali kukweza. Mitu inagwedera. Basi, nkhani yatha, popanda dzanja lokwezedwa. Lamulungu masana nyumba ndi yathu. Masipika atsale kunyumba. Ndipo kamodzi pamwezi magulu awiri tonse tizigwira ntchito limodzi pabwalo la kuseri, limene linali dzala la msewu wonse.

Abambo Kachingwe za masipikazo zinawawawa. M'basi anangoti, "Birmingham adzamva bwanji?" Amayi anu anaseka koyamba sabata yonseyo, mpaka dalaivala anayang'ana pagalasi.

Bwalo lija mukulidziwa, mumathyolako mabulosi. Munali mabotolo, matayala, njinga yopanda mawilo. Azungu anabwera ndi timafosholo tawo ta m'manja ngati masipuni. Ine ndinaitanitsa khasu lenileni kwa munthu wochokera kumudzi, linabwera m'sutikesi atalikulunga m'chitenje, mpini anasema abambo anu. Mizere ndinaunga ine, ya kwathu, yokwera. Mpiru unachita bwino, nkhwani unachita bwino, chimanga chinakula mpaka kupitirira mutu wanga koma osabereka, dzuwa la kuno ndi laulesi. Mzinda wonse sunadzuke ayi, asakunamizeni abambo Kachingwe akamachitira umboni. Koma mumsewu umenewo anthu anasiya kutaya matiresi pakona, ndipo mayi wina wa ku Pakistan amabwera kudzapempha nkhwani, akuti kwawonso amadya.

Tembenuka Tadala, latsala tsitsi la kumanzereli.

Tsiku lotipatsa makiyi, aHalodi anakana kuwapereka kwa abambo Kachingwe, amene anali atatambasula kale dzanja. Anaitana amayi anu pambali, ndi ine.

"Amayi, akuti pali lamulo lina limene silinalembedwe papepala paja."

"Linenedwe."

Amayi anu anamvetsera, anatseka pakamwa ndi dzanja.

"Akuti iwo akadzamwalira, anzawowa adzakhala chete, ndi mwambo wawo, ndipo ndi wabwino. Koma akuti chete akadzafika pakati, inu mudzatsike pampando mudzachite zija munachita. Zonse. Osachepetsa."

Ndinawayang'ana bambowo kuyambira kumutu mpaka kunsapato. Ndinati, "Auze kuti ndavomera. Koma auzenso kuti ine ndine wamkulu, shuga ndili naye, asachedwe kwambiri."

Anaseka mpaka kutsokomola, n'kundiika makiyi m'manja.

Zaka zapitapo zingati, iwe Tadala unali kumsana, lero ukundiyankha mwano m'Chingerezi. Bamboyo akuyendabe, ndi ndodo ziwiri tsopano. Lamulungu lililonse iwo akamatuluka ife tikulowa, timakumana pakhomo. Ine ndimawayang'ana bwinobwino, nkhope, kayendedwe, ngati munthu woyang'ana mitambo nthawi ya dzinja. Iwo amavula chipewa, amaweramira kukhutu kwanga, n'kunena Chingerezi chokhacho chimene ndimachimva popanda amayi anu.

"Noti yeti, Gogo."